Ng'oma yolilitsa sichedwa kung'ambika

Ng'oma yolilitsa sichedwa kung'ambika. Akuluakulu amaponya mwambi umenewu akaona munthu watchuka msanga, dzina lake lili pakamwa pa aliyense, iye n'kuyamba kuyenda mapewa ali m'mwamba. Amaunenanso chapansipansi pochokera kumanda, akaika mnyamata amene adawala kanthawi kochepa n'kuzima. Ndi mwambi wochenjeza, wofuna kuti munthu adzigwire, aziyenda mofatsa, asadzionetsere.

Woimba ng'oma aliyense kuno ku Nsanje akudziwa kuti mwambiwu udachokera pa zinthu zooneka ndi maso. Gule asanayambe, amasonkha kamoto ka udzu pambali pa bwalo, n'kupendeketsa ng'oma kuti chikopa chiyang'ane kumoto. Amaisisita ndi chikhatho, kuigogoda ndi chala, kutchera khutu, n'kuibwezeranso kumoto. Ina amaimata phula pakati kuti mawu ake atsike. Ikawambika bwino, kulira kwake kumawoloka Shire usiku, a tsidya lija n'kudziwa kuti kwakutikwakuti kuli gule. Koma chikopa chokungika choterocho ndi chimenenso chili pafupi kuphulika. Dzanja likangolemera pang'ono, basi gule wathera pomwepo.

Funso limene mwambiwu suyankha ndi lakuti kodi chimang'amba ng'oma n'chiyani kwenikweni, kulira kwakeko kapena manja ndi nyengo imene yaigwera? Nanga ng'oma yosalira ija, mathero ake amakhala otani? Mbiri ya gulu lina loimba la ku Lusaka, lotchedwa Ngozi Family, ingatithandize kuuyesa mwambiwu. Ndi gulu limene ambiri kuno sitidalimvepo, chonsecho lidaimba nyimbo zambiri m'Chinyanja chimene ifeyo timachimva popanda womasulira.

Tiyambire kutali pang'ono. Nyimbo zimene azungu amazitcha heavy metal zidabadwira mu utsi wa mafakitale a mzinda wa Birmingham ku England. Mnyamata wina wa kumeneko, Tony Iommi, ali ndi zaka 17, makina odulira malata adam'dula nsonga za zala ziwiri za dzanja limene ankakanikizira nsambo za gitala. M'malo mosiya kuimba, adasungunula botolo la pulasitiki, n'kuumba tizipewa tovala kunsonga za zalazo. Adasankha nsambo zopyapyala, ndipo pambuyo pake adazimasulako kuti zisamamupweteke. Nsambo zomasuka zimalira mozama, molemera, mochititsa nthumanzi. Gulu lake la Black Sabbath litatulutsa chimbale choyamba pa 13 February 1970, dziko lidamva kaimbidwe katsopano kochokera kwa ana a anthu ogwira ntchito zamanja, kaimbidwe ka ukali, mantha ndi kutopa ndi umphawi.

Zimbale zoterezi, pamodzi ndi za Jimi Hendrix, Deep Purple ndi James Brown, zidafika ku Zambia pa nthawi imene dzikolo linali ndi ndalama. Zambia idalandira ufulu pa 24 October 1964, patangopita miyezi yochepa ife titalandira wathu, ndipo mkuwa wa ku Copperbelt unkagulidwa pa mtengo wabwino. Ku Kitwe, ku Ndola ndi ku Lusaka kunali magetsi, malo achisangalalo ndi achinyamata okhala ndi kangachepe m'thumba. Anyamata adayamba ndi kutsanzira azungu, koma posakhalitsa adathiramo ng'oma za kwawo ndi zilankhulo za kwawo. Kaimbidwe kameneko kadatchedwa Zamrock. M'katikati mwa zaka za m'ma 1970, Pulezidenti Kenneth Kaunda, amene nayenso ankakonda kugwira gitala, adalamula kuti nyimbo zosachepera 90 pa 100 zilizonse zoulutsidwa pa wailesi zikhale za m'dzikomo. Mwadzidzidzi wailesi idasowa nyimbo, ndipo makampani ngati Teal ndi Zambia Music Parlour ya a Edward Khuzwayo adayamba kusakasaka oimba. Magulu ngati WITCH, Amanaz, Musi-O-Tunya ndi The Peace adapeza mpata umenewu.

Pakati pa onsewa, wolilitsa kuposa anzake anali Paul Dobson Nyirongo, wobadwa mu 1949, amene anthu adam'dziwa ndi dzina lakuti Paul Ngozi. Adakulira ku Chibolya, komboni ya anthu osauka ku Lusaka imene mpaka lero anthu amaitchula motsitsa mawu. Adaimbako ndi gulu la Musi-O-Tunya ku Nairobi, kenaka adabwerera kwawo n'kukhazikitsa Ngozi Family. Mphamvu ya gululi inali pa anthu ochepa: Paul pa gitala ndi mawu, Chrissy Zebby Tembo pa ng'oma, Tommy Mwale pa gitala ya besi. Pabwalo Paul ankatha kukanda nsambo ndi mano, monga ankachitira Hendrix, anthu n'kukuwa.

Mu 1976 adatulutsa chimbale cha Day of Judgement, ndipo mu 1977 padabwera 45,000 Volts. Zina zidatuluka motsatizanatsatizana, kuphatikizapo The Ghetto, chimene chimakamba za moyo wa m'komboni. Chrissy Zebby Tembo naye adatulutsa chake, My Ancestors, Paul akum'gwirira gitala. Olemba za nyimbo masiku ano akamva zimbale zimenezi amatchula Black Sabbath, ndipo amaziika m'gulu la nyimbo zimene zidatsegulira njira heavy metal mu Africa. Koma nkhani za m'nyimbomo sizinali za ziwanda za ku Ulaya. Zinali za makolo otaya ana chifukwa cha mowa, za miseche ya anansi, za chikondi chosokonekera, za tsiku la chiweruzo, za njala ya m'tauni. Paul ankalalikira ndithu, kungoti guwa lake linali bwalo la dansi.

Chinsinsi cha gitala yake chinali kabokosi kachitsulo kokhala pansi, kopondedwa ndi phazi, kamene oimba amakatcha fuzz. Kakapondedwa, mawu oyera a nsambo amasweka, amasasa, amalira ngati mavu otsekeredwa m'chitini. Munthu wozolowera nyimbo za kwaya akhoza kuganiza kuti sipika yaphulika. Koma khutu la munthu wa kuchigwa kuno siliyenera kudabwa nazo, chifukwa kusasa kumeneku tidakukonda kalekale magetsi asanabwere.

Yang'anitsitsani ulimba, umene ena amati valimba. Pansi pa timatabwa take pamalendewera zipanda, zikuluzikulu kumbali ya mawu aakulu, zing'onozing'ono kumbali ya mawu aang'ono. Pa chipanda chilichonse wokonza amaboola kabowo, n'kumatapo kansalu koyera kopyapyala kamene kangaude amaphimbira mazira ake pakhoma, kapena kapepala kopyapyala ngati kangaudeyo wasowa. Woimba akamenya thabwa, mpweya wa m'chipanda umagwedeza kansaluko, mawu n'kutuluka akunjenjemera, osasa, oluma m'khutu. Kansaluko kakang'ambika, ulimba umalirabe, koma eni ake amaimitsa nyimbo n'kuyamba kukonza, poti kwa iwo mawu osalala ndi mawu akufa. N'chimodzimodzi ndi zitsekerero za mabotolo zimene amakhomera pa bangwe ndi pa sansi. Anthu atatu akazungulira ulimba umodzi, wa gaka ndi wa nkhocho ali pambali, liwiro ndi phokoso lake silisiyana kwenikweni ndi zimene anyamata a ku Lusaka ankafunafuna ndi magetsi. Paul Ngozi adabwereka chida kwa azungu, koma khutu limene ankasankhira mawu linali la kuno kwathu.

Wina angafunse kuti bwanji kaimbidwe kameneka sikadamere mizu ku Malawi monga kadachitira ku Zambia. Zifukwa zake zilipo. Tidalibe mkuwa, ndipo anyamata athu amphamvu ankathera ku migodi ya eni ku Joni ndi ku Rhodesia. Kuonjezera apo, dziko lathu linali lokonda bata la mtundu wina. Lamulo la 1968 lidakhazikitsa bungwe lounika mabuku, mafilimu ndi nyimbo, ndipo malamulo a 1973 adaletsa amayi kuvala mathalauzi ndi masiketi aafupi, amuna n'kuletsedwa tsitsi lalitali. Alendo ofika pa bwalo la ndege ndi tsitsi logwera m'mapewa ankametedwa asanalowe m'dziko. Wailesi inali imodzi yokha, MBC. M'dziko lotero, mnyamata wokanda gitala ndi mano akadaonedwa ngati wosokoneza. Mwambi wa ng'oma yolilitsa tidaumvera kwambiri m'zaka zimenezo, mwina mopitirira muyeso, mpaka udasanduka chida cha olamulira.

Ku Zambia ng'oma idang'ambikadi, ndipo sidachedwe. Koma tiyeni tione manja amene adaing'amba. Loyamba linali la msika wa dziko lonse. Mtengo wa mkuwa udagwa mu 1975 pomwe wa mafuta unali utakwera, ndipo dziko limene pafupifupi ndalama zake zonse zakunja zinkachokera ku mkuwa lidayamba kusauka. Munthu wosowa ufa sagula chimbale. Lachiwiri linali la nkhondo. Zambia inkasunga omenyera ufulu wa Zimbabwe ndi South Africa, ndipo mu October 1978 ndege za Rhodesia zidaphulitsa msasa wa Chikumbi pafupi ndi Lusaka. Boma lidaika malamulo oletsa kuyenda usiku ndi ozimitsa magetsi, ndipo oimba amene chakudya chawo chinali usiku adasowa pogwira. Lachitatu linali kusintha kwa makonda. Disco idabwera ndi munthu mmodzi wongoika zimbale, wotchipa kuposa gulu lonse la oimba, makaseti ojambulidwa mwakuba adadzaza misika, ndipo m'ma 1980 nyimbo za kalindula zidalanda bwalo. Dzanja lomaliza, lolemera kuposa onse, linali la Edzi. Matendawa adasesa mbadwo wonse wa oimba. Pa anthu amene adayambitsa WITCH padatsala mmodzi yekha, Emmanuel Jagari Chanda, amene adakakhala mphunzitsi, kenaka wokumba miyala ya mtengo wapatali. Ngakhale kunyumba ya Kaunda maliro adalowa, ndipo mu 1987 iye adauza dziko poyera kuti mwana wake Masuzgo adamwalira ndi Edzi. Paul Ngozi adamwalira mu 1989 ali ndi zaka 40.

Apa munthu akhoza kupukusa mutu n'kunena kuti akuluakulu adanena kale. Koma taonani bwino mndandanda wa zifukwazo. Mtengo wa mkuwa unkakhazikitsidwa ku London, osati ku Chibolya. Mabomba adachokera ku Rhodesia. Kachilombo sikadasankhe oimba okha, kadatenga aphunzitsi, asilikali, anamwino ndi alimi amene sadakwerepo pa nsanja ina iliyonse. Anthu ofatsa, osadzionetsera, oyenda mutu uli pansi, adagona m'manda omwewo m'zaka zomwezo. Kulira sindiko kudang'amba ng'omayi. Mvula ya matalala idagwa pamudzi ponse, ndipo ng'oma zonse zidanyowa, zolira ndi zosalira zomwe. Kusiyana kwake n'kwakuti yolira ija idasiya mawu m'makutu mwa anthu.

Mawu a akuluakulu akoma akagonera, ndipo zikuoneka kuti nyimbo zina nazo zimatero. Kwa zaka pafupifupi makumi awiri zimbale za Zamrock zinkangodya fumbi m'makabati, zina zikuwonongeka ndi dzuwa, matepi ambiri oyambirira atatayika. Kenaka osonkhanitsa zimbale zakale a ku Ulaya ndi ku America adayamba kuzifunafuna. Kampani ya Now-Again Records ya ku Los Angeles, motsogozedwa ndi Eothen Alapatt, idayamba kuzitulutsanso mwa chilolezo. Day of Judgement idatulukanso mu 2014, ndipo 45,000 Volts idatsatira pambuyo pake. Jagari adabwerera pa nsanja atakalamba, filimu ya mbiri ya WITCH idatuluka mu 2019, gululo n'kutulutsa chimbale chatsopano, Zango, mu 2023. Sampa the Great, mwana wa ku Zambia wotchuka kunja, adalemekeza mbadwo umenewu mu nyimbo yake ya Never Forget mu 2022. Ndipo mu October 2024, woimba wa ku America Tyler, the Creator adatenga chigawo cha nyimbo ya Ngozi Family yotchedwa Nizakupanga Ngozi n'kuchilowetsa mu nyimbo yake ya Noid. Chimbale chake cha Chromakopia, m'mene muli nyimboyi, chidafika pa nambala 1 ku America. Patatha zaka 35 mwini wake ali m'manda, achinyamata mamiliyoni a ku New York, London ndi Tokyo ankamva mawu a Chinyanja ochokera ku Lusaka. Kwawo nako sadamuiwale, poti ku Kabwata kuli msewu wotchedwa Paul Ngozi.

Nkhaniyi ndi yokoma, koma ili ndi munga. Amene adafukula chuma chimenechi, kuchipukuta ndi kuchigulitsanso kudziko, ambiri anali alendo. Mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa, n'zoona, ndipo tiyenera kuthokoza kuti adabwera. Koma n'chifukwa chiyani kalumo kathu kamakhala kobuntha nthawi zonse pa zinthu zathu zomwe? Kuno kuchigwa nkhani yake ndi yomweyo. M'zaka za m'ma 1950, boma lino likadali kutchedwa Port Herald, mlendo wina, Hugh Tracey, adafika ndi makina ake n'kujambula nyimbo ndi ng'oma za Amang'anja. Mawu a agogo athu amenewo akusungidwa ku International Library of African Music, pa yunivesite ya Rhodes ku South Africa. Mwana wake, Andrew Tracey, adalemba mu 1991 za kaimbidwe ka valimba ka a Kambazithe Makolekole ndi gulu lawo. Mmalawi mnzathu, Moya Aliya Malamusi, adathera zaka zambiri akujambula ndi kusunga nyimbo za makolo ku Chileka. Anthu otere ndi owerengeka. Mwana wa sukulu wa ku Tengani, kwa Ndamera kapena ku Marka amene angafune kumva mmene agogo a agogo ake ankaimbira, njira yake yachidule ndi intaneti yopita ku South Africa, osati nyumba ina iliyonse ya pa boma pano.

Ndipo Nsanje si malo osungirako zinthu mosavuta. Madzi saiwala khwawa. Mu January 2015 Ruo ndi Shire adasefukira, Makhanga n'kusanduka chilumba. Mu March 2019 kudabwera namondwe wa Idai, mu January 2022 Ana, mu March 2023 Freddy. Madzi akafika usiku, mayi amanyamula mwana, bambo amanyamula thumba la mapira ngati nthawi ilipo. Palibe amene amakumbuka ulimba wotsamira kukhonde kapena kaseti ya gulu la pamudzi imene idajambulidwa kamodzi kokha. Tikamawerenga zowonongeka timawerenga nyumba, mbuzi, milatho ndi minda, ndipo n'koyenera kutero. Koma nkhalamba yodziwa kuchuna ulimba ikasamutsidwira kumsasa n'kumwalira komweko osaphunzitsa munthu, chimene chatayika sichilowa m'kaundula wa boma.

Apa ndi pamene mwambi wathu umafunika mnzake woutsutsa, pakuti miyambi imayenda iwiriiwiri. Akuluakulu omwewo adatinso mbewa ya manyazi idafera kuuna. Ng'oma yopachikidwa kudenga poopa kuti ingang'ambike siipulumuka ayi. Makoswe amadya chikopa, chiswe chimalowa m'mtengo, ndipo tsiku lina mwini wake poitsitsa amapeza chigoba. Imatha osalirapo, popanda woikumbuka. Chenjezo la mwambi wa ng'oma yolilitsa ndi labwino kwa munthu wodzikuza, wonyoza anzake chifukwa cha kutchuka. Koma tikamaugwiritsa ntchito pofooketsa mwana waluso, pomuuza kuti akhale chete chifukwa kwathu kuno sikuchokera anthu otchuka, tikuupotoza. Ku Ghanzi, tauni yaing'ono ya m'chipululu cha Kalahari ku Botswana, anyamata adayambitsa gulu la heavy metal lotchedwa Overthrust, ndipo chikondwerero chawo cha chaka ndi chaka chimakoka alendo ochokera kutali. Ghanzi sikuposa Nsanje pa chilichonse chimene chimabala nyimbo. Chigwa chino chili ndi Chisena ndi Chimang'anja, chili ndi utse ndi likhuba, chili ndi mbiri ya Mbona ku Khulubvi, chili ndi zikumbutso za njanji ya ku Beira ndi za othawa nkhondo a ku Mozambique amene tidagawana nawo nsima m'ma 1980. Malemu Joseph Tembo adaonetsa kale kuti nyimbo ya Chisena ikhoza kuvinitsa dziko lonse la Malawi.

Sindikunena kuti achinyamata athu onse agule magitala a magetsi n'kuyamba kukuwa. Phunziro la Ngozi Family lili pawiri. Loyamba n'lakuti anyamata aja adatenga chida chachilendo n'kuchilankhulitsa chilankhulo cha kwawo, pa nkhani za kwawo, mopanda manyazi, ndipo n'chifukwa chake dziko likuwafunabe. Akadangotsanzira Black Sabbath, palibe akadawakumbuka, poti Black Sabbath yeniyeni ilipo kale. Lachiwiri n'lakuti adajambula. Panali magulu ena ambiri m'mabala a ku Lusaka ndi ku Kitwe amene mwina ankaimba bwino chimodzimodzi, koma sadalowe mu situdiyo, ndipo lero ngakhale maina awo adapita ndi mphepo. Paul Ngozi akumvekabe chifukwa mawu ake adasindikizidwa pa chimbale, chimbalecho n'kupeza munthu wochisunga.

Lero kujambula sikufunanso ulendo wopita kutali. Foni imene ili m'thumba mwanu ikhoza kugwira ntchito imene Hugh Tracey ankadzazira galimoto ndi makina. Inu aphunzitsi, tumani ana akajambule agogo awo akuimba, alembe dzina la woimba, mudzi, chaka ndi tanthauzo la nyimboyo. Inu a wailesi za m'dera lino, monga Nyanthepa ndi Gaka, sungani zimene mumajambula m'malo oposa amodzi, kwina kukhale kumtunda kumene madzi safika. Inu mafumu, gogo wodziwa kukonza ulimba m'mudzi mwanu mum'pezere ana oti awaphunzitse akadali ndi mphamvu. Ndipo inu oimba achinyamata a ku Bangula, ku Fatima ndi pa boma, lembetsani nyimbo zanu ku COSOMA kuti tsiku limene mlendo adzazifune, phindu lidzafike kwa ana anu. Musadikire munthu wa ku Los Angeles kuti adzakuuzeni kuti nyimbo za kwanu ndi zamtengo wapatali.